ADAMUONA NDANI CHILEMBWE? MAGANIZO PA BUKU LA GEORGE MWASE

Pa tchuthi chapitachi ndidapita kwathu ku Njuli nditanyamula buku limodzi lokha m'chikwama, buku la George Simeon Mwase lotchedwa Strike a Blow and Die. Ndidalitenga chifukwa ndinkafuna kulemba sewero la John Chilembwe loti tidzaliwerenge pa msonkhano wathu wa alembi, ndipo ndinkaganiza kuti malo abwino owerengera nkhani yotereyi ndi pakhonde pa agogo anga, pomwe phiri la Chiradzulu limaonekera tsiku ndi tsiku. Sewerolo mpaka lero sindinalembe. Chomwe ndabwera nacho ndi nkhani ino, ndipo ndikufuna kufotokoza chomwe chidandigwira dzanja.

Tsiku lina madzulo agogo anga akazi, amayi a amayi anga, adandifunsa chomwe ndinkawerenga. Nditawauza adaseka nati, "Iwe, za Chilembwe mpaka ukazifune m'buku? Agogo anga anaziona ndi maso awo." Tsono adayamba kufotokoza. Adati pa nthawi ya nkhondo ya Chilembwe agogo awowo adali kamtsikana kongoyamba kutunga madzi. Adamva kuphulika kwakukulu tsiku lomwe asilikali adagwetsa tchalitchi cha ku Mbombwe, ndipo mudzi wonse udathawira m'phiri, komwe adakhala masiku angapo akudya zosaphika poopa kuti utsi ungawaulule. Atafika pa mapeto a nkhani adatsitsa mawu nati, "Koma mwini wakeyo sanamuphe ayi. Zipolopolo zinkangomulambalala. Anasanduka mbalame n'kuwolokera kwa Apwitikizi."

Mlongo wawo wa agogowo, amene amakhala nyumba yoyandikana, adali pomwepo akusoka mphasa. Adaika singano pansi nati, "Achemwali, musamunamize mwanayu. Agogo sanaone kanthu. Nthawi ya nkhondoyo makolo awo anali asanabwere n'komwe kuno, anali akadali kutsidya kwa Mulanje. Zonsezo anachita kumva kwa amuna awo atakwatiwa. Ndipo Chilembwe anamuwombera, anatiuza choncho okha." Agogo akazi sadagonje. "Achimwene, inu munali wamng'ono, munkagona nkhani isanathe." Adakangana mpaka nsima idazizira. Anthu awiriwa ndi a bere limodzi, adakulira pa bwalo limodzi, ndipo nkhaniyo adaimva kuchokera pakamwa pamodzi. Palibe mwa iwo amene ankafuna kundinamiza, ndipo palibe chomwe akadapindula pondinamiza.

Kunena zoona, usiku umenewo ndidawapeputsa onse awiri mumtima mwanga. Ndidati izi ndi nthano za pamoto, zenizeni zili m'buku. Koma nditayatsa nyali n'kuyamba kuwerenga mawu oyamba omwe mkonzi wa bukulo adalemba, manyazi adandigwira, pakuti ndidapeza kuti Mwase naye sadaone kanthu. Adachita kumva, monga momwe mlongo wa agogo ankanenera za agogo awo aja. Kusiyana kwake n'kwakuti zakumva za Mwase zidalembedwa m'Chingerezi n'kusindikizidwa ku America, pamene za kwathu zidatsala pakhonde.

Tisanapite patali, tiyambe taika pansi zinthu zomwe palibe amazikana. John Chilembwe adapita ku America ndi Joseph Booth mu 1897, naphunzira zaubusa ku Lynchburg m'dera la Virginia, ndipo atabwerako mu 1900 adakhazikitsa mishoni ya Providence Industrial Mission ku Mbombwe m'boma lathu lino. Chakumpoto kwake kudali minda ikuluikulu ya A. L. Bruce ku Magomero, komwe anthu, ambiri a iwo Alomwe ochokera ku Mozambique, ankagwira thangata pansi pa William Jervis Livingstone. Mzunguyu adatentha nyumba zopemphereramo zomwe anthu a Chilembwe adamanga pa mindayo. Mu Novembala 1914 Chilembwe adalemba kalata ku nyuzipepala ya Nyasaland Times yodandaula kuti anthu akuda akufera nkhondo ya azungu yomwe sadzapindula nayo kanthu. Usiku wa Loweruka pa 23 Januwale 1915 anthu ake adaukira. Livingstone adaphedwa nadulidwa mutu, ndipo Duncan MacCormick ndi Robert Ferguson adaphedwanso, koma akazi a azungu ndi ana awo sadaphedwe. Gulu lina lidakathyola sitolo ya Mandala ku Blantyre pofuna mfuti, koma lidapeza zochepa. Patangopita masiku owerengeka boma lidalanda Mbombwe n'kuphulitsa tchalitchi chachikulu cha njerwa. Pa 3 Febuluwale Chilembwe adawomberedwa m'dera la Mulanje. Anthu oposa 30 adanyongedwa kapena kuwomberedwa ataweruzidwa, ndipo ena pafupifupi 300 adaponyedwa m'ndende.

Nanga Mwase akulowa pati m'nkhaniyi? Iye adali Mtonga wa kunyanja, kumpoto, munthu wophunzira amene adagwirapo ntchito yaukalaliki ndipo adatsogolera bungwe la anthu akuda la m'chigawo chapakati. Chilembwe sadakumane naye. Mu 1931 adamangidwa pa mlandu wosowetsa ndalama za msonkho natumizidwa ku ndende ya Zomba. M'ndendemo adapezamo Wallace Kampingo, mmodzi wa akuluakulu a Chilembwe, amene adali akugwirabe ukaidi chifukwa cha nkhondo ija. Zambiri zomwe Mwase adalemba za Chilembwe adazitenga kwa munthu ameneyu, ndipo adazilemba mu 1931 ndi 1932. Zolembazo zidakhala m'mafayilo a boma zaka zambiri mpaka Robert Rotberg, katswiri wa mbiri wa ku America, adazikonza n'kuzisindikiza mu 1967, Mwase atamwalira kale. Ngakhale dzina lomwe bukuli limadziwika nalo si la Mwase. Iye adalitcha A Dialogue of Nyasaland.

Tsono taonani ulendo womwe mawu ayenda kuti atipeze. Gawo lomwe aliyense amalikumbukira m'bukuli ndi pomwe Chilembwe akulankhula kwa anthu ake nkhondo isanayambe, kuwauza kuti sakuyembekeza kupambana, koma amenye kamodzi kenaka afe, kuti magazi awo adzatsegule maso a azungu. Ndi mawu ogwira mtima zedi, ndipo ine ndidali nditakonza kale kuti akhale pachimake pa sewero langa. Koma mawuwa adalankhulidwa mu 1915 kwa anthu olankhula Chinyanja, Chiyao ndi Chilomwe. Adakhala m'mutu mwa mkaidi zaka 16. Adatuluka pakamwa pa mkaidiyo kupita kwa mkaidi mnzake amene ku Mbombwe kunalibe. Mnzakeyo adawalemba m'Chingerezi chakechake, ndipo patapita zaka zina 35 mkonzi wa ku America adasankha mawu omwewo kukhala dzina la buku lonse. Akuluakulu adati kandimverere adakanena za m'maluwa. Pano akandimverere alipo atatu, ndipo ife owerenga ndife achinayi.

Sindikunena kuti Kampingo adanama. Koma taganizani za munthu amene anzake adanyongedwa, tchalitchi chake chidaphulitsidwa, ndipo iye wakhala m'ndende zaka 16 akudzifunsa kuti zonsezi zidapindula chiyani. Munthu wotereyu akamakumbukira kuti mtsogoleri wawo adaneneratu kuti adzagonja ndipo kugonjako ndiko kudali cholinga, mtima wake umapeza popumira. Kugonja kuja kumasanduka nsembe. Mwina Chilembwe adaterodi. Koma munthu amene adatuma anthu kukafuna mfuti ku Mandala, amene adagwirizana ndi Filipo Chinyama kuti aukirenso ku Ntcheu, ndiponso amene pamapeto pake adathawa kulowera kumalire a Mozambique, akuoneka ngati munthu amene adali ndi chiyembekezo china choposa imfa. Mwase sakulimbana nalo funso limeneli. Iye akutiuza kuti Chilembwe ankadzifanizira ndi John Brown, mzungu wa ku America amene adaukira ukapolo mu 1859 nanyongedwa, ndipo akangotero nkhani yonse imakhala yosalala ngati ulaliki wokonzedwa bwino.

Tisaiwalenso pomwe Mwase adakhala polemba. Adali m'manja mwa boma lomwe lidapha Chilembwe, ndipo ankadziwa kuti oyamba kuwerenga mapepala ake adzakhala azungu. N'chifukwa chake m'buku lomwelo mupeza akutamanda kulimba mtima kwa Chilembwe, kenaka n'kutembenuka kuyamikira ulamuliro wa Angerezi. Anzanga ena amati uku n'kupanda mbali. Ine ndikuona munthu amene akuyenda pa mlatho wa mtengo umodzi, akufuna kuuza abwana kuti nkhanza zawo ndizo zidabala nkhondo, koma osafuna kuwonjezera masiku ake m'ndende. Chilembwe wongofuna kufa kuti achenjeze boma adali Chilembwe amene mkaidi akadatha kumulemba popanda kudziika m'mavuto. Chilembwe wofuna kulanda dziko akadakhala woopsa kumutamanda.

Wina anena kuti, basi tisiye Mwase, titenge zolemba za boma zomwe zidalembedwa nkhani ikadali yamoto. Zoonadi, boma lidakhazikitsa bungwe lofufuza mu 1915, ndipo lipoti lake lidatuluka mu 1916. Koma onse okhala m'bungwelo adali azungu. Anthu akuda amene adaitanidwa kukapereka umboni adalankhula patangopita miyezi yochepa anzawo atanyongedwa, pa nthawi yomwe kungodziwika kuti unkacheza ndi Chilembwe kukadakutengera ku ndende. Munthu wamantha amakumbukira mosankha. Ngakhale zidali choncho, ena mwa iwo adalimba mtima nadandaula za thangata, za kumenyedwa, ndi za mwambo wonyoza woti munthu wakuda azivula chipewa akakumana ndi mzungu aliyense panjira. John McCracken adasonkhanitsa maumboni amenewa m'buku lotchedwa Voices from the Chilembwe Rising mu 2015, ndipo aliyense wofuna kulemba za nkhaniyi ayenera kuliwerenga pamodzi ndi la Mwase. Bungwe lija lidavomera kuti Livingstone adali wankhanza, koma mlandu waukulu lidausenzetsa Chilembwe ndi mipingo yoyendetsedwa ndi anthu akuda. Kwa iwo vuto lidali mzungu mmodzi woipa mtima ndi m'busa mmodzi wosokonezeka ndi maphunziro. Zoti dziko lidalandidwa sadazione ngati mlandu, popeza iwo omwe ndiwo ankadyerera.

Akatswiri amene adabwera pambuyo nawonso aliyense adapeza Chilembwe wake. George Shepperson ndi Thomas Price, m'buku lawo lalikulu la Independent African la 1958, lomwe lidatuluka nthawi yolimbana ndi chitaganya, adaona kholo la omenyera ufulu wa dziko. Jane ndi Ian Linden mu 1971 adaona munthu woyembekeza kutha kwa dziko ndi kudza kwa Yerusalemu watsopano. Rotberg adaloza ku matenda a mphumu, maso ofooka ndi ngongole zomwe zidamupanikiza m'zaka zake zomaliza. Landeg White, m'buku la Magomero la 1987, adapita kukamvera anthu a m'midzi momwemo. Izi zimandikumbutsa kanema wa ku Japan wotchedwa Rashomon, yemwe Akira Kurosawa adapanga mu 1950, momwe anthu anayi akufotokoza imfa ya munthu mmodzi m'nkhalango, aliyense mosiyana ndi mnzake, ndipo aliyense akupotoza nkhani kuti iye aoneke bwino. Kusiyana kwake n'kwakuti kwathu kuno sitikukamba za kanema. Zidzukulu za anthu amene adathawira m'phiri zikadali pompano.

Ndikadaleka apa ndikadakhala ngati ndikuloza anzanga chala, ine ndekha woyera. Usiku wa mkangano uja ndidalemba m'kope zonse zomwe agogo adanena, ndisanagone. Patapita miyezi itatu, tili kuno kusukulu, ndidafotokozera anzanga awiri nkhaniyo kuchipinda chogona. Ndidawauza kuti agogo a agogo anga adamuona Chilembwe ndi maso awo akudutsa m'mphepete mwa phiri atavala jekete lakuda. Ndidanena ndi mtima wonse, ndipo ndikadatha kulumbira. Pokonza nkhani ino ndidatsegula kope lija kuti nditengemo mawu enieni a jeketelo. Mulibemo. Agogo sadanene kuti wina adamuona Chilembwe. Adanena za kuphulika, za phiri, za zakudya zosaphika ndi za mbalame, basi. Jekete lija ndidalitenga pa chithunzi chomwe chakhala pa ndalama zathu kuyambira 1997, chomwe ndachigwira m'manja kuyambira ndili mwana. Ngati ine, mnyamata wamutu wabwinobwino, wosamangidwa ndiponso wosaopa munthu, ndidamuveka jekete m'miyezi itatu yokha, nanga Kampingo m'zaka 16?

Komatu apa pali dzenje lomwe ophunzira ambiri timagweramo. Tikangozindikira kuti aliyense amakumbukira mwa njira yake, timathamangira kunena kuti choonadi kulibe, aliyense ali ndi chake. Mawu amenewa amamveka anzeru m'kalasi, koma ndi oopsa. Ngati zonse n'chimodzimodzi, ndiye kuti wina akhoza kudzuka mawa n'kunena kuti thangata kunalibe, anthu ankagwira ntchito mwa kufuna kwawo, ndipo ife tidzasowa chomuyankha. Mboni zikasemphana pa bwalo la milandu, mfumu simwaza bwalo n'kunena kuti mbuzi sidabedwe. Imafunsa kuti, iwe udaima pati, kudali mdima kapena kuwala, wakubayo ndi mbale wako kapena mdani wako, ndipo ukuopa yani. Kenaka imayang'ana pomwe adani akugwirizana. Mwase, bungwe la azungu lija ndi anthu a m'midzi amasiyana pa zambiri, koma onse amavomera kuti ku Magomero kudali nkhanza. Mfundo yomwe mkaidi, woweruza ndi nkhalamba ya kumudzi akuivomera onse, pamene palibe chowagwirizanitsa, ndi mwala womwe tingamangepo nyumba.

Ndi maso omwewa ndidabwereranso ku mbalame ya agogo anga. Chilembwe sadasanduke mbalame, ndipo pa mfundo imeneyi mlongo wawo ndiye adalondola. Koma tidzifunse chifukwa chomwe nkhani yoti sadafe idafalikira m'midzi yambiri n'kukhalitsa chotere. Boma lidamuika m'manda mwachinsinsi, popanda chizindikiro, poopa kuti anthu angamakapemphere pamenepo. Kwathu kuno munthu amafa pamene abale aona mtembo, alira maliro, naponya dothi m'manda. Anthu a ku Chiradzulu adangouzidwa ndi adani ake kuti wafa, koma maliro sadaone. Tsono nthano ya mbalame, ngakhale ili yolakwa pa za imfa yake, ikusunga mokhulupirika chinthu china chomwe lipoti la boma silidasamale nacho, chakuti anthu adamanidwa maliro ndipo sadakhulupirire mawu a boma. Ndidapezanso kuti mkangano wa ngati makolo athu adali atafika kale kapena ayi uli ndi phunziro lake, pakuti umatikumbutsa kuti ambiri a ife a m'dera lino tidachokera kutsidya kwa malire, m'magulu osiyanasiyana ndiponso zaka zosiyanasiyana, ndipo nkhani za obwera kale zidasanduka chuma cha obwera pambuyo kudzera m'maukwati.

Tsono ndiliweruza bwanji buku la Mwase? Ngati umboni wa zomwe zidachitika ku Mbombwe ndi lofooka, ndipo aliyense wotenga mawu a m'menemo ngati kuti adajambulidwa pa makina akudzinamiza. Lili ndi malo ena pomwe wolemba akulalikira m'malo mofotokoza, ndipo anthu wamba a pa minda ya Bruce, amayi ndi ana amene adasenza thangata, samveka mawu awo. Koma ngati umboni wa momwe Mmalawi wophunzira wa m'zaka za m'ma 1930 ankaganizira za Chilembwe, ndi buku la mtengo wapatali. Pa nthawi yomwe boma linkafuna kuti dzinali likumbukike ngati la chigawenga, mkaidi wina adakhala pansi n'kulilemba ngati la munthu wolemekezeka. Kulimba mtima kumeneko ndi kwa Mwase mwini wake, ndipo sikudalira kuti Kampingo adakumbukira bwino kapena ayi. Tiliwerenge ngati momwe timamvera mkulu wanzeru amene tikudziwa kuti pamalopo panalibe, ndiye kuti mwaulemu, koma tikufunsa mafunso.

Kwa anzanga amene mukulemba ndakatulo ndi masewero a Chilembwe, makamaka pamene tsiku la 15 Januwale layandikira, pempho langa ndi lakuti tichepetse kumulankhulitsa ngati kuti tidali naye m'chipinda. Tonsefe tikumuveka majekete athu. Ine sewero lija ndikadzalilemba, Chilembwe sadzaoneka pa bwalo. Padzakhala akaidi awiri m'ndende ya Zomba, wina akufotokoza, wina akulemba n'kumafufuta, ndipo chapatali padzakhala nkhalamba ziwiri pakhonde zikukangana za agogo awo. Tsiku lonyamuka ku Njuli, ndikudikira minibasi pamsewu wa ku Zomba, agogo akazi adandiperekeza nandinong'oneza kuti, "Ukakalemba ukalembe zanga, osati za achimwene akowo." Ndidawalonjeza kuti ndikalemba za onse awiri, ndipo sadakondwe nazo kwenikweni.